Zipangizo zofufuzira mbali zobisika za chilengedwe: za m'nthano ndi za m'malabotale

M'nthano zopeka za masiku ano, m'masewera a pakompyuta ndi m'zithunzi zimene zimayenda pa intaneti, mumapezeka kawirikawiri chipangizo chimodzi chokopa maso. Pena chimakhala galasi lokutidwa ndi mkuwa lodzaza timawilo, pena kampasi imene singano yake imaloza kumene si kumpoto kapena kummwera, pena mandala amene munthu akangowavala amayamba kuona mizinda yolendewera pakati pa nyumba zathu zomwezi. Mwini chipangizo akasuzumiramo amaona dziko lobisika. Zipangizo zotere sizinapangidwepo, ndipo olemba nthano sanena kuti zilipo.

Chisokonezo chimayamba nkhani zoona zikagwiritsa ntchito mawu omwewo. Pa 5 July 2022 makina a Large Hadron Collider a bungwe la CERN, pafupi ndi Geneva, anayambanso kugundanitsa tizidutswa ta atomu patatha zaka zoposa zitatu akukonzedwa, ndipo mauthenga anafala pa intaneti onena kuti asayansi akutsegula khomo lolowera kudziko lina. Khomo silinatsegulidwe. Komabe n'zoona kuti imodzi mwa ntchito za makinawo ndi kufufuza ngati malo amene tikukhalamo ali ndi mbali zoposa zitatu. Kusiyana kwake kuli apa: chipangizo cha m'nthano chimaonetsa, pamene chenicheni chilichonse chimawerengera. Chimayeza zimene zalowa ndi zimene zatuluka, n'kufunsa ngati pali chimene chasowa.

Mbali n'chiyani

Chimene asayansi amatcha dimension, chimene tizichitcha mbali m'nkhani ino, ndi njira yosunthira imene sungaipeze pophatikiza njira zimene uli nazo kale. Sitima ya panjanji ili ndi mbali imodzi: nambala imodzi yokha, ya makilomita kuchokera pasiteshoni, ikukwanira kunena pamene ili. Bwato panyanja limafuna manambala awiri. Ndege imafuna atatu, chifukwa palinso kutalika kwake kuchokera pansi. Kuyenda chopingasa si mbali yatsopano, ndi kusakaniza kupita kutsogolo ndi kupita kumanja. Mbali yachinayi ya malo ikanakhala njira imene si kutsogolo, si kumanja, si kumwamba, ndiponso si kusakaniza kwa zitatuzi. Palibe angailoze ndi chala, popeza chalacho chimasuntha m'zitatu zomwezo.

Masamu savutika nazo zimenezi. Mu 1854 Bernhard Riemann anafotokoza ku Göttingen mmene ungayezere mtunda ndi kupindika m'malo okhala ndi mbali zochuluka mulimonse. Mu 1908 Hermann Minkowski anasonyeza kuti chiphunzitso cha Einstein chimamveka bwino nthawi ikawerengedwa ngati mbali yachinayi, n'chifukwa chake mabuku ena amati chilengedwe chili ndi mbali zinayi. Pano tikunena za mbali zowonjezera za malo, osati nthawi. Mawu omwewa amamvekanso m'nkhani zauzimu potanthauza dziko la mizimu. Limenelo ndi tanthauzo lina, ndipo zipangizo zimene zili m'munsimu sizilitsimikizira kapena kulitsutsa.

Chifukwa chake galasi silingagwire ntchitoyi

Galasi la telesikopu kapena la maikulosikopu limangopinda kuwala kumene kwafika kale pa ilo. Kuwalako, galasilo ndi diso loyang'analo zonse zili m'mbali zitatu. Ngati kuwala sikupita kumbali yobisika n'kubwerako, palibe kasanjidwe ka magalasi kangabweretse chithunzi cha kumeneko, ngakhale utawapala mwaluso chotani. Vuto lachiwiri lili m'diso momwemo. Kachikopa ka kumbuyo kwa diso kamene kamalandira kuwala n'kafulati, ndipo ubongo ndiwo umamanga kuya kwa chithunzi. Diso loona mbali zinayi likanafuna cholandirira kuwala cha mbali zitatu, ndipo likanaona kunja ndi m'kati mwa chinthu nthawi imodzi, mtima ndi mafupa a munthu osam'ng'amba. Chapafupi ndi zimenezi chimene tili nacho ndi makina a CT scan a kuchipatala, amene amaonetsa thupi m'magawo opyapyala, limodzi pambuyo pa linzake.

Magawo otere ndiwo tikanaona chinthu cha mbali zinayi chitadutsa pakati pathu. Edwin Abbott anafotokoza zimenezi mu 1884 m'buku lake la Flatland potsika sitepe imodzi: zamoyo zokhala papepala, mpira ukadutsa m'dziko lawo, zimaona kadontho, kenako mkombero wokula, kenako mkomberowo ukuchepa mpaka kuzimiririka. Kwa ife zikanachitika chimodzimodzi koma ndi mpira wathunthu. Tiyerekeze mpira wa mbali zinayi wa masentimita 10 kuchokera pakati kufika kunja. Utangolowa masentimita 2 m'malo athu, tikanaona mpira wa masentimita 6 woyandama m'chipinda. Utalowa masentimita 4, ukanafika 8. Pakati penipeni ukanafika 10, kenako n'kuyamba kufota. Ukanafufuma mwachangu poyamba, n'kumachedwa poyandikira kukula kwake konse. Wolemba nthano wofuna kuti dziko lake lamaloto likhale ndi malamulo angayambire pomwepa, m'malo mwa khomo lowala.

Masamu amanenanso zizindikiro zina zitatu. Chinthu chikanatuluka m'bokosi lomatidwa osaboola khoma, monga mmene iwe ungachotsere ndalama yachitsulo m'kati mwa mkombero wojambulidwa papepala poinyamula m'mwamba. Mfundo ya chingwe ikanamasuka kapena kumangika nsonga zake zili zomatidwa, chifukwa m'mbali zinayi chingwe chingathe kulambalala chinzake. Ndipo, monga anaonera August Möbius mu 1827, chinthu chotembenuzidwa kudzera m'mbali yachinayi chikanabwerera chitasanduka chithunzi chake cha pakalilole: nsapato ya phazi lamanzere ikanabwera ili ya lamanja.

Charles Howard Hinton, amene anabweretsa dzina la tesseract mu 1888, anakonza timabokosi tamatabwa topakidwa mitundu yosiyanasiyana kuti anthu aziloweza kasanjidwe kake mpaka maganizo awo atazolowera mbali yachinayi. Tesseract ndi mnzake wa mbali zinayi wa bokosi lofanana ponseponse: bokosilo lili ndi ngodya 8, mizere ya m'mphepete 12 ndi nkhope 6, pamene tesseract ili ndi ngodya 16, mizere 32, nkhope 24 ndi mabokosi 8 oizinga. Timabokosi ta Hinton tinali tophunzitsira maganizo. Sitinkayeza kanthu.

Kuyesa kwa ku Leipzig

Munthu woyamba wodziwika amene anasandutsa zizindikirozi kukhala mayeso anali Johann Karl Friedrich Zöllner, pulofesa wa sayansi ya zakuthambo ku Leipzig, amene anapanga chipangizo chodalirika choyezera kuwala kwa nyenyezi. Mu 1877 ndi 1878 anachita mayeso ndi Henry Slade, wa ku America, amene ankati amalankhula ndi mizimu. Asayansi otchuka monga Wilhelm Weber ndi Gustav Fechner anapezekapo pa ena mwa mayesowo. Zöllner anamata nsonga ziwiri za chingwe ndi phula n'kuzipanikiza patebulo, ndipo patapita kanthawi pachingwepo panapezeka mfundo. Iye anakhulupirira kuti waona ntchito ya mbali yachinayi.

Mayeso ena amene anakonza anali anzeru kuposa a chingwe, ndipo ndi oyenera kuwaphunzira. Anabweretsa mphete ziwiri zosemedwa ku mitengo yosiyana, iliyonse kuchokera ku thabwa limodzi lopanda cholumikiza, kuti zikolane. Anabweretsa zigoba za nkhono kuti kupotana kwake kutembenuke. Anabweretsanso asidi wa tartaric, amene amapotoza kuwala kosefedwa kulowera kumanja, kuti asanduke wopotozera kumanzere, chinthu chimene chipangizo chotchedwa polarimeter chimayeza mosavuta. Ubwino wa mayeso atatuwa n'ngwakuti zotsatira zake zikanakhala zokhalitsa: aliyense akanatha kutenga mphete zokolanazo n'kuzipima ndi maikulosikopu patapita zaka, osadalira zimene wina anaona m'chipinda.

Atatu onsewa sanatheke. Mphetezo zinapezeka zitavekedwa pamwendo wa katebulo m'malo mokolana, zigoba sizinatembenuke, asidi sanasinthe. Chinatheka ndi chokhacho chimene katswiri wa zamanja angachite posinthanitsa chingwe. Slade anali atapezeka kale wolakwa pa mlandu wachinyengo ku London mu 1876, ngakhale chigamulocho chinafafanizidwa chifukwa cha kalembedwe ka mlandu, ndipo gulu lofufuza la Seybert Commission la ku University of Pennsylvania linam'pezanso akuchita chinyengo m'ma 1880. Zöllner analakwa pa chinthu chimodzi chachikulu: analola woyesedwa kulamulira nthawi, kuwala kwa m'chipinda ndi zimene zikhale patebulo, ndipo analandira zotsatira zimene sanazifunse m'malo mwa zimene anafunsa.

Mbali ingabisale bwanji

Pali chifukwa champhamvu chokhulupirira kuti mbali yachinayi yaikulu, yotseguka ngati zitatu zathuzi, kulibe. Mphamvu yokoka ya gravity imafalikira kuchoka pa chinthu kupita ponseponse. M'mbali zitatu, ukawirikiza mtunda kawiri mphamvuyo imatsala gawo limodzi mwa 4. M'mbali zinayi ikanatsala gawo limodzi mwa 8, m'zisanu limodzi mwa 16. Paul Ehrenfest anasonyeza mu 1917 kuti m'chilengedwe chotero mapulaneti sakanakhazikika m'njira zawo: kugwedezeka pang'ono kukanagwetsera dziko m'dzuwa kapena kulitaya kutali. Popeza tilipo, mbali yowonjezera iyenera kukhala yobisika mwanjira ina.

Njira yoyamba ndi kukulungika. Theodor Kaluza anatumizira Einstein pepala mu 1919, limene linasindikizidwa mu 1921, losonyeza kuti ukawonjezera mbali imodzi ku masamu a gravity, malamulo a magetsi ndi maginito amatulukamo okha. Mu 1926 Oskar Klein anati mbaliyo siioneka chifukwa ndi yokulungika kukhala kamkombero kakang'ono kwambiri. Waya ukamuonera patali amaoneka ngati mzere wa mbali imodzi, koma nyerere yoyenda pa iye ingathenso kumuzungulira n'kubwerera pamene inayambira. Chiphunzitso cha string theory, chimene chimati tizidutswa tonse ta chilengedwe ndi tizingwe ting'onoting'ono tonjenjemera, chimafuna mbali 10 kuphatikizapo nthawi, ndipo chotchedwa M-theory, chimene Edward Witten anatchula mu 1995, chimafuna 11. Zowonjezerazo nthawi zambiri zimaganiziridwa kukhala pafupi ndi utali wa Planck, umene ndi mita imodzi yogawidwa ndi 1 wotsatiridwa ndi maziro 35.

Njira yachiwiri inabwera mu 1998 kuchokera kwa Nima Arkani-Hamed, Savas Dimopoulos ndi Gia Dvali. Anayambira pa funso lakale: n'chifukwa chiyani gravity ndi yofooka chonchi? Kamaginito kakang'ono kamanyamula msomali pamene dziko lonse lapansi likuukokera pansi. Pakati pa proton ndi electron, tizidutswa ta m'kati mwa atomu, kukoka kwa magetsi kumaposa kwa gravity ndi nambala ya 1 wotsatiridwa ndi maziro 39. Iwo anati mwina ife, kuwala ndi maatomu onse tinamatirira pa malo a mbali zitatu, ndipo gravity yokha ndiyo imadontha kupita m'mbali zina, motero imatifika itasungunuka. Masamu awo anapereka manambala oyezeka. Mbali yowonjezera ikakhala imodzi, ikanakhala yaikulu ngati mtunda wa pakati pa mapulaneti, zimene n'zosatheka. Zikakhala ziwiri, zikanakhala pafupifupi milimita imodzi, ndipo nthawi imeneyo palibe anali atayeza gravity bwinobwino pa mtunda waufupi chotero. Mu 1999 Lisa Randall ndi Raman Sundrum anapereka njira ina, ya mbali imodzi yopindika kwambiri. Maganizo amenewa ndiwo anapatsa opanga zipangizo chinthu chofufuza.

Sikelo yopotoka ya ku Seattle

Ngati gravity imadontha m'mbali yaing'ono, ndiye kuti pa mtunda wochepa kuposa kukula kwa mbaliyo lamulo la Newton liyenera kusintha. Ukayandikitsa zinthu ziwiri ndi theka, kukokana kwake kuyenera kukwera ka 8 kapena ka 16 m'malo mwa ka 4. Kuyeza zimenezi n'kovuta chifukwa zinthu zimene zingayandikane chotero ziyenera kukhala zazing'ono, ndipo gravity ya zinthu zazing'ono ndi yochepetsetsa.

Chipangizo chake ndi mdzukulu wa chimene Henry Cavendish anagwiritsa ntchito mu 1798, ndodo yokhala ndi timipira tamtovu yopachikidwa pa waya wopyapyala amene amapotoka akakokedwa pang'ono. Gulu la Eöt-Wash la ku University of Washington, ku Seattle, limene dzina lake limakumbutsa Loránd Eötvös wa ku Hungary, ndilo latsogola pa ntchitoyi. M'chipangizo chimene zotsatira zake zinatuluka mu 2007, chopachikidwacho chinali mphete ya chitsulo cha molybdenum yokhuthala pafupifupi milimita imodzi, yobooledwa mabowo 42, yolendewera pa ulusi wa tungsten wopyapyala kuposa tsitsi, m'chotengera chopopedwa mpweya wonse. Pansi pake panali mbale ina yamabowo imene injini inkaizungulitsa pang'onopang'ono. Mabowo a m'mbale akamadutsa pansi pa mabowo a mphete, gravity imakokera mpheteyo uku ndi uku, kambirimbiri pa kuzungulira kumodzi. Kuwala kwa laser kogunda kakalilole kamene kali pa chopachikidwacho kumaonetsa kupotoka kochepa kuposa gawo limodzi mwa magawo miliyoni a digiri.

Luso lalikulu lili pa mbale yachiwiri. Pansi pa mbale yozungulirayo anamangirirapo ina yokhuthala, mabowo ake atalowa pakati pa mabowo a yoyamba, kuti kukoka kwake kufafanize pafupifupi gravity yonse ya masiku onse. Mphamvu yatsopano yogwira pafupi pokha singafafanizidwe motero, chifukwa mbale yapansiyo ili patali kwambiri kuti iikhudze. Chotsala pa kuwerengako ndicho chimene akufuna.

Zosokoneza n'zambiri, ndipo ndizo zimadya zaka za ofufuza. Choyamba ndi magetsi: popeza kukoka kwa magetsi kumaposa gravity kutalitali, timagetsi tochepa totsalira pa chitsulo tingaphimbe chilichonse. Amakuta zigawo zonse ndi golide, ndipo pakati pa mphete ndi mbale amakunga kansalu kachitsulo ka beryllium ndi mkuwa kokhuthala ma micrometre 10 okha. Micrometre ndi gawo limodzi mwa magawo 1,000 a milimita. Chachiwiri ndi fumbi: kanjere kamodzi kangakhale kakakulu kuposa mpata wonsewo, ndipo kakagwerapo chipangizo chimayenera kutsegulidwa, kutsukidwa ndi kuyambidwanso. Chachitatu ndi kunjenjemera kwa nthaka, kumene kumadumphitsa chopachikidwacho mpaka kugunda kansalu kaja. Palinso tizitsulo tamaginito tobisika m'zigawo, kusintha kwa kutentha kumene kumapotoza ulusi wokha, ndi ntchito yodziwa kukula kwenikweni kwa mpata, imene amaichita poyeza mmene zitsulo ziwirizo zimasungira magetsi zikayandikana.

Mu 2020 gululi linalengeza zotsatira za chipangizo chatsopano chimene chinayeza pa mipata yochokera pa ma micrometre 52 kufika mamilimita 3. Lamulo la Newton linagwirizana ndi zonse. Mphamvu yatsopano iliyonse yolingana ndi gravity iyenera kufika pa mtunda wochepera ma micrometre 38.6. Mbali za milimita imodzi zija zinatsekedwa ndi mayeso otere.

Kuwerengera zosowa ku CERN

Large Hadron Collider ndi ngalande yozungulira ya makilomita 27, pafupifupi mamita 100 pansi pa malire a France ndi Switzerland. Maginito akuluakulu 1,232, oziziritsidwa kufika madigiri 271 pansi pa ziro, amakhotetsa ma proton kuti aziyenda mozungulira m'mapaipi awiri moyang'anizana, ndipo mu 2022 anayamba kugundana ndi mphamvu ya 13.6 TeV. TeV ndi muyeso wa mphamvu ya tizidutswa, ndipo TeV imodzi ndi ma GeV 1,000. Malo ogundanirawo azingidwa ndi makina owerengera tizidutswa totuluka. Aakulu ndi ATLAS, wotalika mamita 46, ndi CMS, wolemera matani 14,000.

Asanagundane, ma proton amayenda motsata paipi basi, opanda kukankha kopingasa. Choncho akagundana, zotuluka zopita kumanzere ziyenera kulingana ndi zopita kumanja, zokwera ndi zotsika chimodzimodzi. Makina akaona mtolo wamphamvu wa tizidutswa ukuthamangira kumodzi popanda kanthu kotsutsana nawo, ndiye kuti china chake chathawa osaoneka. Kachidutswa konyamula gravity, kotchedwa graviton, kolowera m'mbali yobisika kakanasiya chizindikiro chotero. Zili ngati mwini golosale amene madzulo apeza kuti katundu wotuluka sakugwirizana ndi ndalama za m'kabati. Asanaloze wakuba ayenera kuyamba waona ngati sikelo yake ili bwino ndiponso ngati sanaiwale ngongole zimene anapereka yekha.

Ngongole zodziwikazo ndi ma neutrino, tizidutswa timene timadutsa makina onse osasiya chizindikiro. Kachidutswa kotchedwa Z kakasweka kukhala ma neutrino awiri, chithunzi chake chimafanana ndendende ndi cha graviton yothawa. Kugundana kumodzi sikungasiyanitse ziwirizi. Ofufuza amawerengera kuchuluka kwa zochitika zotere kumene chiphunzitso chodziwika chimalosera, n'kuona ngati zapitirira. Sikelo yolakwika ndi kagawo ka makina kamene kafa, kapena kachidutswa kochokera kuthambo kamene kadutsa nthawi yomweyo, ndipo zonsezi zimasefedwa. Mpaka pano chiwerengero sichinapitirire.

Njira yachiwiri ndi kufufuza tizidutswa tolemera tatsopano. Kachidutswa kozungulira m'mbali yokulungika kakanaoneka kwa ife ngati kolemera kuposa kanzake, ndipo kakanabwera m'mndandanda wa masitepe olemera mowonjezereka. Mu December 2015 ATLAS ndi CMS onse anaona kachitunda kakang'ono pa 750 GeV m'zochitika zotulutsa tizidutswa tiwiri ta kuwala. Mapepala mazana analembedwa ofotokoza chimene chingakhale, ena akutchula graviton ya Randall ndi Sundrum. Pofika August 2016, zochitika zowonjezera zitawerengedwa, kachitundako kanazimiririka. Kanali mwayi chabe wa manambala, ndipo nkhaniyi ikufotokoza chifukwa chake asayansi a m'gawoli salengeza kuti apeza chinthu mpaka umboni utafika pa muyeso wokhwima umene amautcha 5 sigma.

Njira yachitatu ndiyo inabala mantha ambiri. Gravity ikakhala yamphamvu pa mtunda waufupi, kugundana kungapange ka black hole, kanthu kokoka mwamphamvu moti ngakhale kuwala sikungatulukemo, kochepa kuposa proton, kamene kakanasungunuka nthawi yomweyo n'kumwaza tizidutswa tambiri ponseponse. Sikanapezeke n'kamodzi komwe. Pa za chitetezo, ofufuza amaloza kuti tizidutswa tochokera kuthambo takhala tikugunda mpweya wa dziko lapansi ndi mphamvu zoposa za makinawa kwa zaka mabiliyoni.

Umboni wa kuthambo

Pa 17 August 2017 makina oyezera mafunde a gravity otchedwa LIGO, ku Hanford ndi ku Livingston ku America, okhala ndi mikono ya makilomita 4, pamodzi ndi anzake otchedwa Virgo pafupi ndi Pisa ku Italy, analandira mafunde a gravity ochokera ku nyenyezi ziwiri za neutron, zazing'ono koma zolemera kwambiri, zimene zinagundana. Patatha masekondi 1.7 kunafika kuwala kwamphamvu kwa gamma, ndipo matelesikopu anapeza malowo mu mlalang'amba wa NGC 4993, pa mtunda umene kuwala kumayenda zaka pafupifupi 130 miliyoni. Apa panali amithenga awiri ochokera pamalo amodzi. Gravity ikanadontha panjira, mafunde akanafika ofooka, n'kuonetsa ngati anachokera kutali kuposa mmene kuwala kukunenera. Mitunda iwiriyi inagwirizana. Kuyezaku kuli ndi malire ake: mphamvu ya mafunde imadaliranso mmene njira ya nyenyezizo inapendekera kwa ife, ndipo kumakhudza mbali zazikulu zokha, osati zokulungika zazing'ono.

Nyenyezi yophulika ya mu February 1987, mu Large Magellanic Cloud, mlalang'amba waung'ono woyandikana ndi wathu, inaperekanso malire. Ma neutrino ake oposa 20 analandiridwa padziko kwa masekondi pafupifupi 10. Kutentha kwa m'kati mwake kukanathawira m'mbali zina, nyenyeziyo ikanazizira msanga ndipo nthawiyo ikanafupika.

Zimene sizinayankhidwe

Zipangizo zonsezi zapeza zofanana: palibe chosowa. Zimenezi zatseka mbali zazikulu, koma sizinanene kanthu za zazing'ono kwambiri. Large Hadron Collider imafufuza kufika pa mita yogawidwa ndi 1 wa maziro 19, pamene utali wa Planck uli pa maziro 35. Makina ofika kumeneko ndi maginito a masiku ano akanakhala mkombero umene kuwala kukanatenga zaka masauzande kuti kuuzungulire. Chipangizo chimenecho n'chongopeka mofanana ndi galasi lamkuwa la m'nthano, kungoti masamu ake ndi olondola.

Pakati pa malire awiriwa pali malo ofikirika. Mu 2022 Miguel Montero, Cumrun Vafa ndi Irene Valenzuela anapereka ganizo la mbali imodzi ya kukula kwa ma micrometre ochepa, yogwirizana ndi mphamvu yosadziwika imene ikufulumizitsa kufutukuka kwa chilengedwe. Ili pansi pang'ono pa pamene sikelo ya ku Seattle yafika. Kutsika kufika kumeneko kumakumana ndi mphamvu ya Casimir, kukokana kwa zitsulo zoyandikana kwambiri kumene kumaposa gravity pa mipata yotero, ndipo magulu angapo akuyesa njira zina, monga timikanda tagalasi togwiriziridwa m'malere ndi laser. Funso n'lakuti kodi angasefe zosokonezazo mokwanira kuti gravity yokha imveke.

Funso lina likukhudza tanthauzo la chizindikiro. Chiwerengero cha zosowa chitapitirira mawa ku CERN, chikanatha kukhala graviton yothawa, komanso chikanatha kukhala kachidutswa ka dark matter, zinthu zosaoneka za kuthambo zimene zimadziwika ndi kukoka kwake kokha, kamene sikafuna mbali yatsopano iliyonse. Kusiyanitsa ziwirizi kukanafuna zochitika zambiri ndi umboni wochokera ku chipangizo cha mtundu wina. Pa chifukwa chimenechi ofufuza akuyembekezera kukulitsidwa kwa kuchuluka kwa kugundana mu Large Hadron Collider, makina a LISA amene European Space Agency ikufuna kutumiza kuthambo cha m'ma 2035 ndi mikono ya makilomita 2.5 miliyoni, ndi ngalande ya makilomita pafupifupi 91 imene CERN ikuiganizira.

Pomaliza pali mkangano pakati pa asayansi eni ake. Ena amati ganizo limene lingathe kuchepetsa mbali zake nthawi iliyonse mayeso akalephera kuzipeza silingatsutsidwe, choncho siliyenera kulamulira kumene ndalama ndi zaka za achinyamata ofufuza zipite. Ena amayankha kuti mitundu yake yoyezeka yayesedwa ndipo ina yagwa, monga mbali za milimita imodzi, ndiponso kuti palibe njira ina yodziwika yogwirizanitsa gravity ndi malamulo a tizidutswa ta atomu imene yachita bwino kuposa pamenepa. Magulu awiriwa amavomerezana pa zimene zayezedwa. Amasiyana pa kutalika kwa nthawi imene ganizo lingadikire umboni, ndipo palibe chipangizo chimene chakonzedwa pano chimene chikulonjeza kuthetsa mkanganowo.